Anasudzulidwa Akumanga Ulusi pa Kachere

Ranjana Nikam anafika kupolisi Lachiwiri m'mawa mvula ikukhuthuka, dzanja lina atagwira kamwana kakakazi, lina atafumbata pepala lonyowa m'mbali. Sanalire. Inspekita Mandakini Jagtap anali ataona akazi ambiri pa benchi imeneyo m'zaka khumi ndi zinayi za ntchito yake, ndipo ankadziwa kuti olira amabwerera kwawo madzulo ake atakhululuka kale. Oopsa ndi osalirawa.

"Akuti ndinasudzulidwa," anatero mayiyo akuyala pepalalo patebulo la mayi wapolisiyo, amene anthu ankamutchula mwaulemu kuti Bai. "Akuti ndinavomera ndekha. Bai, ine khotilo sindidziwa n'komwe kumene chitseko chake chinayang'ana."

Mandakini anawerenga. Chidindo chinali chenicheni. Chikalatacho chinkati Dattatray Nikam ndi mkazi wake Ranjana, atatha chaka ndi miyezi osakhalira limodzi, anagwirizana mwamtendere kuthetsa banja. Anaonekera pamaso pa woweruza mu Disembala, anapatsidwa miyezi isanu ndi umodzi yoti akaganize bwino monga lamulo linenera, ndipo mu Juni anabweranso kudzanena kuti maganizo awo sanasinthe. Mkaziyo anati safuna chithandizo chilichonse, lero ngakhale mawa. Mzere womaliza Mandakini anauwerenga kawiri: mwana Vaishali, wa zaka zisanu ndi chimodzi, akaleredwa kwa bambo ake. Kapepala kena kophatikiza kankati mwanayo aperekedwe Lachisanu.

"Siginecha iyi si yanu?"

"Ikufanana ndi yanga. Koma dzanja langa silinafikepo pamenepo."

Mandakini anakoka fomu. "Dzina la amuna anu?"

Ranjana anazolika. "Ndi bambo ake a Vaishali."

"Dzina, mayi. Fomu siidziwa bambo a uje."

"Lalembedwa pamenepo," anatero akuloza ndi chala, nkhope itatentha ndi manyazi.

Ha! Zaka khumi m'banja, munthu wakuchitira zotere, koma pakamwa pakukanabe kutulutsa dzina lake. Mandakini sanadabwe. Akazi a m'midzi ya nzimbe ija amakhulupirira kuti kutchula dzina la mwamuna n'kumuchepetsera masiku. Amalitchula tsiku la ukwati lokha, pakhomo, atalikulunga m'kandakatulo, anthu akuseka. Likatha tsiku limenelo, basi, latsekeredwa. Inspekita analemba yekha dzinalo, koma mumtima munali mutayamba kuwira.

Nkhani ya Ranjana inali yaifupi. Bambo ake atafa ziwalo kumudzi, mwamuna wake anamuperekeza pa basi iye ndi mwana, nati akapeza bwino mkuluyo adzabwera kudzawatenga. Mkuluyo anayamba kuyendanso ndi ndodo, koma wodzawatenga sanaoneke. Ndipo mkazi wa ulemu wake sabwerera yekha kwa mwamuna ngati mbuzi yosokera; amadikira kutengedwa. Anadikira pafupifupi zaka ziwiri.

"Kunyumbako kuli yani?"

"Iwowo ndi mlamu wanga Venu, mchemwali wawo wamkulu. Amuna awo anamwalira ukwati usanathe chaka, mwana alibe. Ndiwo amasunga nyumba. Ndi munthu wabwino, Bai. Nditadwala pobereka, uyu analeredwa ndi iwowo."

Kamwanako kanadzutsa mutu. "Azakhali amandiluka tsitsi ndi malamba awiri," kanatero, kenaka kanabisalanso m'sari, nsalu yaitali imene mayi ake anavala.

Mandakini anawerenga mokweza tsiku lachiwiri lija la kukhoti. Ranjana anawerengera pa zala, ndipo mwadzidzidzi anaseka, kuseka kouma kosachokera mumtima.

"Limenelotu ndi tsiku la kachere. Tsiku limene mwezi umakhala wathunthu kumwamba."

Anali atasala kudya tsiku lonse. Anazungulira kachere wa kumudzi kwawo kasanu ndi kawiri pamodzi ndi akazi anzake, akukulunga ulusi woyera pathunthu, kupempha kuti mwamuna wake akhale ndi moyo wautali ndiponso kuti akhale wake m'miyoyo isanu ndi iwiri ikudzayo. Pamene iye ankamanga ulusi, wina anali kumasula ukwati wake m'dzina lake.

"Pitani kwa achibale m'tauni muno, musachoke," anatero Mandakini akuvala chipewa. "Mwanayu musamusiye ndi munthu aliyense. Tatsala ndi masiku atatu."

Dattatray Nikam anali kalaliki wa sikelo pa fakitale ya shuga, munthu woyera zovala, wolankhula mofatsa ngati akuwerenga kalata. Anamupatsa Inspekita mpando, naitanitsa tiyi.

"Zachisoni, Bai. Wasintha maganizo mochedwa. Abale ake amunong'oneza kuti analakwa kukana ndalama."

"Akuti tsiku limenelo anali pa kachere. Akazi makumi anayi anamuona."

"Anamuonadi, sindikana. Mwambo umatha teni koloko isanakwane. Basi ya kwawo imanyamuka leveni, imafika kuno wanu koloko. Mlandu wathu unaitanidwa fili koloko." Anatambasula manja. "Ndipo akazi makumi anayiwo ndi azakhali ake, asuweni ake, alamu ake. Adzanenanji?"

Mayankho anali okonzeratu, osalala ngati mwala wa mumtsinje. Mandakini anayang'ana pashelefu. Panali mulu wa makhadi achikasu oitanira anthu, m'makona atapakidwa utoto wa mwayi.

"Mukukwatiranso?"

"Lamlungu." Sanachite manyazi n'komwe. "Ndili ndi zaka makumi atatu ndi chimodzi, mwana wamwamuna ndilibe. Ndikadzafa, adzayatsa moto pa nkhuni zotenthera mtembo wanga ndani?"

"Ndiye mwana wamkaziyu mukumufuniranji?"

Kwa nthawi yoyamba chikope cha Dattatray chinagwedezeka. Anakonza makhadi aja, ngakhale anali okonzeka kale.

"Ndi magazi anga," anatero.

Mandakini anatuluka tiyi asanabwere. Bamboyo sanafunse ngakhale kamodzi kuti mwanayo ali bwanji, watalika bwanji, akudya kapena ayi. Munthu wofuna mwana safunsa zimenezo? Ndiye kuti mzere womaliza uja unalembedwera munthu wina.

Anayamba ndi mkwatibwi watsopano, poti aliyense akanayambira pamenepo. Anataya masana onse. Anali mtsikana wa zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi, wamtali ngati nsungwi, ndipo tsiku la kachere anali m'holo ya mayeso kuyambira thu koloko mpaka faifi, dzina lake lili m'kaundula. Za mkazi woyamba anauzidwa kuti anathawa yekha. Mandakini anamusiya akulira, bambo ake akutukwana pakhonde.

Lachitatu anapita kukhoti. Loya amene analemba chikalatacho, a Deshmane, anangokweza mapewa. Milandu yogwirizana ndi yokoma, anatero, ilibe phokoso. Mwamuna anabwera ndi mkazi, nati uyu ndi mkazi wanga, chithunzi cha tsiku la ukwati anapereka, ndiye iwo akanavundukula nkhope ya mkazi wa mwini? Chithunzicho chinali cha zaka khumi zapitazo, mkwatibwi atazolika, maluwa atatsekereza masaya. Akanatha kukhala aliyense. Katswiri wa zolemba akanatha kuizindikira siginechayo, koma iyeyo anali mumzinda waukulu, ndipo yankho lake limabwera patatha miyezi inayi.

Wothandiza anali a Kulkarni, kalaliki wachikulire wosunga mafayilo, wa magalasi omanga ndi ulusi, amene ankatafuna fodya ndi kudandaula za dziko nthawi imodzi.

"Nikam ndi Nikam, ndikuwakumbuka bwino. Ine, Bai, zaka makumi atatu pa mpando uno, ndipo ndikuuzani, akazi a masiku ano atha. Atheratu! Kale mkazi akafunsidwa ndi bwana woweruza dzina la mwamuna, tinkadikira mpaka tiyi kuzizira. Uyu? Anangoti phwa, ngati akutchula dzina la basi."

"Nkhope munaiona?"

"Sari anaikokera mpaka pamphuno. Koma makutu ndili nawo. Ali pakhonde apo, mwamunayo anatsamira khoma, khomalo ndi lalaimu. Ndinamva mkaziyo akuti, ‘Iwe Dattu, tachoka pamenepo, udetsa malaya.’ Namusasa pamsana. Iwe Dattu! Kwa mwamuna wake! Ndinati mumtima, eya, n'chifukwa chake banjali latha."

Mandakini anasiya kulemba.

"Mwamunayo anakwiya?"

"Kukwiya? Anachoka pakhomapo ngati mwana wa sukulu."

A Kulkarni analavulira m'kachitini, natsegula fayilo. Pafupi ndi siginecha yachiwiri panali kadontho kofiirira, kouma.

"Awo ndi magazi, musadabwe. Anavala zibangili zagalasi zobiriwira, zatsopano, zodzaza mikono yonse, ngati mkwatibwi. Posaina anagunda m'mphepete mwa tebulo, ziwiri zinasweka, imodzi inamucheka apa, padzanja lamanja. Ndinamupatsa kansalu kanga kopukutira inki. Ndiye tamverani ichi. Chibangili kusweka tsiku la kachere, mkazi aliyense amafuula, amagwira mkanda wake wa ukwati, poti ndi malodza kwa mwamuna. Ngakhale wodzasudzulidwa amatero, ndawaona ine. Uyu anangoyang'ana zidutswazo pansi, phee, ngati munthu amene anaziona kale zikusweka."

Madzulo ake Mandakini anapita kumene Ranjana ankakhala, namugwira manja onse awiri, kuwatembenuza uku ndi uku. Panalibe chipsera. Zibangili zake zinali zakale, zokalikakalika ndi miphika, zinayi dzanja lililonse. Ndipo manjawo anali aang'ono zedi, ngati a mwana.

M'tauni yonse, akazi a mbali ya fakitale ankavekedwa zibangili ndi munthu mmodzi, mayi Tanubai, amene kasitolo kake kanali kuseri kwa kachisi. Lachinayi m'mawa Mandakini anawapeza atakhala pamphasa, miyendo atatambasula, mitolo ya magalasi itawazungulira.

"Apolisi! Mwabwera kudzagula kapena kudzandimanga? Tabweretsani dzanjalo. Aaa, mkono wabwino chonchi kumangovala wotchi ngati mwamuna? Amuna anu sakudandaula?"

"Anazolowera, mayi. Mkazi wa Nikam wa kusikelo mumamudziwa?"

"Ranjana? Ndinamuveka ine za ukwati. Kadzanja kofewa, kopanda fupa, ndinangokafinya pang'ono zibangili zinalowa zokha. Ine nkhope ndimaiwala, mwana wanga, maso anatha, koma dzanja sindiiwala. Chibangili chabwino chimalowa mothina, ndipo wochilowetsa ndine. Ndimapaka mafuta, ndimafinya apa, ndimapinda chala chachikuluchi. Munthu akavala yekha amadzicheka."

"Kunyumba kwa Nikam kunagulidwa zibangili chaka chino?"

Tanubai anayang'ana kumbali. Anatola chibangili chimodzi, nachigogoda ndi chikhadabo kumvetsera kulira kwake.

"Ine za m'nyumba za eni sindinena."

"Mawa mwana alandidwa kwa mayi ake."

"Kalanga ine!" Mayiwo anaika chibangilicho pansi. "Kanabwera kawiri konse kamunthuko. Mu Disembala, ndi dzulo lake la tsiku la kachere. Kudzagula madazeni awiri awiri, zobiriwira. Akuti n'zotumiza kwa mlamu wake kumudzi. Ndinatulutsa za muyeso wa Ranjana. Akuti ayi, mlamu wanenepa, ndipatseni zazikulu. Ndinati, mwana iwe, munthu amanenepa mimba, amanenepa masaya, koma fupa la dzanja silinenepa. Anaumirira. Analoza izi."

Anakoka mtolo wa zibangili zikuluzikulu.

"Muyeso umenewu ndinauveka mtsikana mmodzi yekha m'banja limenelo, zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri zapitazo. Miyezi khumi itatha, anandiitananso. Akazi atamugwira, mtembo wa mwamuna wake uli pabwalo, anaziphwanya ndi mwala zibangili zomwe ndinamuveka ine. Ndinalipo. Ndinatola zidutswa."

"Anali Venu," anatero Mandakini.

"Sindinatchule munthu ine." Tanubai anapukuta maso ndi nsonga ya sari. "Ndinkangoti mwina akufuna azizivala yekha m'chipinda, chitseko atatseka. Ena amatero. Ine sindiwaweruza."

Mandakini anagula chibangili chimodzi cha mtolo umenewo. Mumsewu anaima kanthawi pansi pa khonde, mvula ikudontha. Sanasangalale ngakhale pang'ono. Khoswe akakhala pamkhate sapheka, ndipo khoswe uyu anali atakhala pamtima weniweni wa mwana.

Masana anapita kwa Nikam pamodzi ndi Ranjana, amene anakana kwamtuwagalu kusiya mwana m'mbuyo. Pakhomo anali atamangapo kale masamba a mango okonzekera ukwati. Anatsegula ndi mayi wamtali wamapewa aakulu, wovala sari yotuwa, pamphumi popanda kadontho kofiira, pakhosi popanda mkanda, mikono yopanda kanthu, monga amakhalira akazi amasiye. Nsonga ya sari anali ataikulunga padzanja lamanja ngati wagwira mphika wotentha.

Ataona Ranjana anauma pomwepo. Koma Vaishali sanadikire za akuluakulu.

"Azakhali!"

Anapulumuka m'dzanja la mayi ake n'kukadzigwetsa m'miyendo ya Venu. Venu anagwada, namukumbatira, akununkhiza m'mutu mwake, akung'ung'udza kuti wawonda, ndani wakhala akumuluka chonchi, taonani tsitsi lauma lopanda mafuta. Abale, chikondi sichibisika. Mandakini anayang'ana m'kachipinda ka kumbali. Munali kabedi katsopano koyala bwino, yunifolomu ya sukulu yapachikidwa pamsomali, ndi malamba awiri ofiira ataikidwa papilo.

"Azakhali, mwatani apa?"

Mwanayo anali atagwira dzanja lamanja la Venu, nsalu itagwa. Pamwamba pa mfundo ya dzanja panali chipsera chatsopano, chopindika ngati mwezi wongooneka kumene.

"Mpeni, mwana wanga. Ndinkadula anyezi."

Mandakini anauza mwanayo kuti akaone kabedi kake, natseka chitseko cha kachipindako. Anatulutsa chibangili chija.

"Mayi Ranjana, tavalani ichi."

Ranjana anachilowetsa, natsitsa mkono. Chibangilicho chinatsetsereka, chinadutsa zala, chinagwera pamphasa n'kugudubuzika mpaka pa mapazi a Venu. Palibe anachitola.

Nthawi yomweyo njinga yamoto inaima panja. Dattatray analowa akupukuta mvula kumaso, ndipo ataona anthuwo mawu ake ofatsa aja anathawa.

"N'chiyani chimenechi? Mwalowa ndi chilolezo cha yani? Mkazi uyu si wa m'nyumba muno, khoti linagamula! Achemwali, musayankhe kanthu, loya wanga..."

"Iwe Dattu, khala chete."

Anakhaladi chete. Pakamwa panatsala pali yasa, koma mawu anaduka, monga ankadukira kuyambira ali mwana. Venu anamva yekha zimene pakamwa pake panatulutsa. Anayang'ana Inspekita, ndipo anadziwa kuti mawu amenewo wapolisiyo anawamvapo kale kwina.

Venu anakhala pansi, natsamira khoma.

"Dattu anati akufuna mkazi wina, koma Ranjana sangavomere, ndipo akavomera adzafuna ndalama za mwezi ndi mwezi mpaka mwana atakwatiwa. Anati, achemwali, inu mungoima kawiri kokha, mphindi zisanu. Ndinamumenya mbama. Ine kuima ngati mkazi wa mlongo wanga? Tchimo lotero lingatsukidwe mumtsinje uti? Anakhala mwezi osailankhulanso. Kenaka anabwera ndi pepala, nandionetsa mzere womaliza. Anati, mwana adzakhala wanu."

Anatembenukira kwa Ranjana, koma maso sanafike pankhope.

"Mlamu, uyu ndinamusambitsa ine tsiku loyamba. Dzino lake loyamba linaluma chala changa. Munapita naye pa basi, m'nyumba muno munatsala mawotchi okha akulira. Chaka chathunthu ndinkaphika chakudya cha anthu awiri n'kumapakula mbale zitatu."

"Mukanabwera kudzamuona," anatero Ranjana motsitsa. "Basi imanyamuka tsiku lililonse."

"Wamasiye amapita kwa eni osaitanidwa? Anthu akandiona m'mawa pamsewu amabwerera kukayambiranso ulendo." Anapukusa mutu. "Siginecha yanu ndinaiphunzira pa makalata amene munkamulembera. Iye sankawawerenga n'komwe. Ndinkawerenga ndine."

Apa Ranjana anatseka maso.

"Zibangili ndinavala ndekha ndi sopo, kubafa. Mkanda ndi wanga wakale, ndinaubisa m'thumba la mpunga tsiku lija asanaudule. Tsiku la kachere, tili m'basi kupita kukhoti, mayi wina wosandidziwa ankachokera kumwambo ndi mbale yake. Anandiyang'ana mikono, namwetulira, nandipaka kadontho kofiira pamphumi. Anati, amuna anu akhale ndi moyo wautali, mwana wanga. Zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri, Bai, palibe munthu anandikhudzapo pamphumi." Anadzigwira pamphumipo. "Ndinalira mpaka kukhoti. Dattu ankati ndikuchita bwino, zikuoneka zenizeni."

Mandakini anali atamanga akuba, opha anzawo, ogwirira ana, ndipo sanawamverepo chisoni. Tsiku limenelo zinasiyana. Anamva chisoni, anamvanso ukali, ndipo ukali wonsewo unali pa mwamuna wovala zoyera uja amene anadziwa bwino lomwe pamene pali bala la mchemwali wake n'kuikapo chala.

"Bambo Nikam, tiyeni. Inunso mayi, tengani chofunda."

Venu anadzuka. "Ndimuluke kaye," anatero. "Mphindi zochepa."

Mandakini anayang'ana Ranjana, poti mwana anali wake. Ranjana anayang'ana mlamu wake. Kenaka anatsegula yekha chitseko cha kachipindako, napatuka.

Lachisanu m'mawa, tsiku lomwe mwana anayenera kuperekedwa, khoti linadzaza, poti nkhani inali itazungulira kale msika wonse. Woweruza anali yemwe uja anagamula mu Juni, bambo wa imvi amene nkhope yake inali itagwa ndi manyazi. Anawerenga zimene Venu anavomera, anaona kadontho ka magazi pafayilo, anamva a Kulkarni, omwe lero sanatafune fodya. Analamula kuti mwana asachoke m'manja mwa mayi ake ndipo chigamulo chija chiimitsidwe. Ukwati wa Lamlungu unafera pomwepo.

Kenaka anaitana Ranjana kuti aime kutsogolo.

"Mayi, khoti lino linanamizidwa, ndipo likupepesa. Pamaso pa lamulo ndinu mkazi wa m'nyumba ija. Mukafuna kubwerera, palibe angakutsekereni chitseko."

Ranjana anaima atagwira dzanja la Vaishali. Mwanayo anali ndi malamba awiri ofiira m'mutu, oluka mwaluso, sanamasulidwe chigonere. Kumbali, pakati pa apolisi, Dattatray anali atazolika, malaya atada. Venu maso ake anali pa malambawo basi.

"Bwana, sindibwerera," anatero Ranjana. "Banja ankalifuna lithe, lithadi. Tidzalemba pepala lina, ndidzabwera kawiri konse monga mwa lamulo. Koma mwana akhala ndi ine, ndipo bambo ake adzamudyetsa ndi kumuphunzitsa mpaka atakula. Zimenezo sindidzakana. Akavomera, tigwirizana. Akakana, tidzakumana muno."

"Zalembedwa," anatero woweruza. Anayang'ana kalaliki, kenaka mayiyo, nazengereza pang'ono, poti ankadziwa mwambo. "Pofuna kuti kaundula akhale wolongosoka, ndiyenera kufunsa. Mukhoza kungoloza ngati mukufuna. Mwamuna amene mukunenayo dzina lake ndani?"

A Kulkarni anaika cholembera pansi, kukonzekera kudikira mpaka tiyi azizire. Mandakini anaona dzanja la Ranjana likukwera kukagwira mkanda wakuda pakhosi pake, monga linazolowera. Linaima panjira, n'kubwerera paphewa la mwana.

Sanaloze. Anatembenuka, namuyang'ana mwamunayo m'maso, mwina koyamba pamaso pa anthu.

"Dattatray Nikam," anatero momveka, mpaka a pakhomo anamva.

Dattatray anadzidzimuka ngati wamenyedwa. Mvula inkagunda malata a khoti. A Kulkarni anatola cholembera chawo nalemba.